Amene Anafika Kuno Ife Tisanafike

Pa msonkhano wa misasa wa chaka chatha, mnyamata wina wodziwa kulankhula anaima kutsogolo n'kunena kuti dera lathu lino linali mu mdima wandiweyani mpaka tsiku limene uthenga wa Sabata unafika. Anthu anayankha "Amen" mokweza, ndipo inenso ndinayankha nawo, ndisaname. Koma agogo ena aakazi amene tinakhalira mkeka umodzi, a zaka zopitirira 80, anandigunda ndi chigongono n'kundinong'oneza kuti, "Mwanawe, nanga ine adandiphunzitsa kuwerenga ndani? Si mphunzitsi wa Adatchi uja, pansi pa mtengo wa kachere?" Ndinangoseka, ndikuyesa kuti nkhani yathera pomwepo.

Patangopita milungu itatu, Lachisanu lina masana, ndinaitanidwa pakhomo pena kuseri kwa Msundwe kukaona mtsikana woyembekezera, mimba yoyamba, ya miyezi isanu ndi itatu. Miyendo inali itatupa, nkhope nayonso, ndipo ankadandaula mutu waukulu ndi kuona zinthu mwachimbuuzi. Ine sindine namwino. Ndimangodzipereka mu nthambi ya zaumoyo ya mpingo, ndipo chimene ndili nacho ndi kamakina koyezera BP ndi zimene alangizi a zaumoyo anatiphunzitsa. Koma zizindikiro zimenezi amazinena kusikelo tsiku ndi tsiku, ndipo nambala imene kamakinako kanaonetsa inandiopsa. Ndinati, "Amayi, mwanayu apite ku Namitete lero lomwe, dzuwa lisanalowe."

Apongozi ake, mayi wokhulupirika amene sajomba ku Sukulu ya Sabata, anandiyankha mofatsa: "Achemwali, ife kwa Aroma sitigonekedwako. Komanso Sabata layandikira. Tiyeni tipemphere, Lolemba tikapeza ndalama tipita naye ku Lilongwe." Tinapempheradi. Ndinachonderera, ndinalephera, ndinabwerera kwathu mtima uli m'mwamba. Cha m'ma 11 koloko usiku mtsikanayo anayamba kuphupha ngati wakhunyu. Amene anamanga ng'ombe pa ngolo usiku umenewo, n'kumufikitsa kumsewu wa tala, n'kuimitsa galimoto, n'kutulutsa ndalama zake za fodya, anali bambo wa nyumba yoyandikana nayo, munthu wa kudambwe, amene banjalo limamupatsa moni wa patalipatali. Mtsikanayo ali moyo. Mwana ali moyo, anabadwa pa opaleshoni ku chipatala cha St Gabriel's.

Mwezi uno, tsono, mundikhululukire, sindilemba za phala la soya kapena za madzi akumwa. Ndakhala ndikufunsa akuluakulu ndi kuwerenga zimene ndapeza, kufuna kudziwa kuti Chikhristu chinafika bwanji kuno kwa Achewa a kumadzulo kwa Lilongwe, ndipo ife a Sabata tinalowa pati. Ndikuona kuti mawu a mnyamata uja pa misasa ndi mawu a apongozi aja ndi mtengo umodzi: ena ndi mizu, ena ndi zipatso.

Ndiyambire kutali pang'ono. Pa Machitidwe 2, pakati pa anthu amene anamva uthenga tsiku la Pentekoste, akutchulidwa Aparti, Amedi ndi Aelami. Amenewo ndi anthu a ku Perisiya, dziko la Mfumukazi Esitere lija, limene lero timati Iran. Chikhristu chinazika mizu kumeneko kalekale. Mu 410 mabishopu a mu ufumu wa Perisiya anali atachuluka moti anachita msonkhano wawo waukulu, ndipo mu 635 mlaliki wa mpingo umenewo, dzina lake Alopen, anafika mpaka ku China. Mumzinda wa Gundeshapur munali sukulu ya madokotala yotchuka, ndipo ambiri mwa madokotala ake anali Akhristu. Ndiye mu 1835 amishonale a ku America, Justin Perkins ndi dokotala wina dzina lake Asahel Grant, atakhazikika ku Urmia, sanapeze malo a pululu. Anapeza matchalitchi akale, ansembe, ndi mabuku opatulika olembedwa pamanja, a anthu amene anasunga dzina la Yesu zaka zoposa 1,000 pansi pa mafumu a zipembedzo zina. Poyamba anayesa kugwira nawo ntchito limodzi. M'kupita kwa zaka anasiyana, n'kukhala mipingo iwiri. Mlendo akafika ndi uthenga umene akuukhulupirira ndi mtima wonse, chimamuvuta n'kuvomera kuti pamalopo panadutsa kale ena.

Kuno kwathu, mzungu asanaponde, makolo athu ankamudziwa Mlengi ndi mayina ake: Chauta, Namalenga, Mphambe, Chisumphi. Kum'mwera kwathu kuno, m'mbali mwa phiri la Dzalanyama, kuli Msinja, kumene Makewana ankapempherera mvula m'malo mwa Achewa onse, ndipo m'phiri lomwelo muli Kaphirintiwa, kumene makolo ankati ndi kumene anthu oyamba anatsikira. Sindikunena kuti zimenezo ndi zimene Baibulo limaphunzitsa. Ndikungoti amishonale atafuna dzina loti amutchule nalo Mulungu wa m'Baibulo, sanalitenge ku Ulaya. Analipeza konkuno.

David Livingstone anadutsa chakuno mu 1866, pafupi ndi Dzalanyama, akulowera ku Luangwa. Inali nthawi yoipa. Angoni ankathira nkhondo midzi, ogula akapolo ankakokera anthu ku Nkhotakota, ndipo Achewa ambiri ankagona m'malinga kapena pamwamba pa mapiri. Amishonale oyamba m'dziko muno anayambira kwina: a UMCA ku Magomero mu 1861, a Livingstonia ku Cape Maclear mu 1875, a Blantyre mu 1876. Chigawo cha Pakati chinayamba chadikira.

Amene analima munda uno koyamba ndi Adatchi, kapena kuti a Dutch Reformed Church ochokera ku South Africa. Pa 28 Novembala 1889, Andrew Charles Murray ndi Theunis Vlok anamanga msasa pa Mvera, m'dziko la Mfumu Chiwere. Kuchokera pamenepo anafalikira: Kongwe mu 1894, Nkhoma mu 1896 (kumene Mfumu Mazengera ndi anthu ake ankakhala pamwamba pa phiri poopa Angoni), ndipo kuno kufupi ndi ife, Malingunde mu 1907, Mchinji mu 1914 ndi Dzenza mu 1921. Njira yawo inali sukulu za m'midzi. Mphunzitsi mmodzi, bolodi limodzi, ana pansi pa mtengo kapena m'kachisakasa ka udzu. M'mawa kuwerenga ndi masamu, Lamulungu mapemphero pamalo omwewo. Mphunzitsi amene agogo aja ankanena anali mmodzi wa amenewa. Mu 1926 mpingo wa Nkhoma unalowa mu CCAP, n'chifukwa chake ana a lero sadziwanso kuti "Adatchi" ndi ndani.

Pali chinthu chimodzi chimene tinalandira kwa iwo chimene timachinyamula Sabata lililonse osaganizira n'komwe. Buku Lopatulika, limene abusa athu amawerengamo Eksodo 20 ndi Chivumbulutso 14, linamasuliridwa motsogozedwa ndi William Murray wa mishoni ya Adatchi, mothandizana ndi a Blantyre ndi aphunzitsi Achimalawi. Mbali yaikulu ya ntchitoyo inachitikira pa kaphiri ka Kaso ku Mvera, ndipo Baibulo lathunthu linatuluka mu 1922, patatha zaka pafupifupi 20 za thukuta. Ntchito yomasulira si yamasewera. Henry Martyn, amene anamasulira Chipangano Chatsopano m'Chiperisiya, anaimaliza mu 1812 n'kumwalira chaka chomwecho ali ndi zaka 31 zokha. Ife timanena kuti tinapeza Sabata powerenga Baibulo tokha, ndipo n'zoona. Koma kuti tiwerenge tokha, panafunika wina atiikire mawuwo m'chilankhulo chathu, ndi winanso atiphunzitse zilembo. Onse awiriwo ankapemphera Lamulungu.

Kenako kunabwera Aroma. Ansembe a White Fathers anayesa koyamba kwa Mponda ku Mangochi mu 1889, zinthu sizinayende, anachoka mu 1891. Anabweranso mu 1902 n'kutsegula Chiwamba ndi Mua, ndipo mu 1903 mishoni ya Chiwamba inasamukira ku Likuni, chaka chomwenso anatsegula Kachebere kumalire a Mchinji ndi Zambia. Nambuma inatsegulidwa mu 1928. Mukaona mapu muona kuti Msundwe ali pakatikati: Likuni kum'mawa, Kachebere kumadzulo, Nambuma kumpoto, Malingunde wa Adatchi kum'mwera. Chipatala cha Likuni chinayamba mu 1940, ndipo cha St Gabriel's ku Namitete chinatsegulidwa mu 1959 ndi masisitere a Carmelite ochokera ku Luxembourg, kadziko kakang'ono kamene ambiri a ife sitingakaloze pa mapu. Funsani m'tchalitchi mwanu Sabata likubwerali kuti ndi angati anabadwira ku Namitete, muone manja.

Nanga ife? Mbiri yathu inayambira kum'mwera, ndipo ndimaikonda chifukwa siyoyera ngati nsalu ya pa guwa. Ili ndi zigamba. Wa Adiventi woyamba kufika m'dziko muno anali George James, mnyamata wa ku London woimba vayolini, amene anaphunzira ku Battle Creek. Anabwera mu 1893 pa ndalama zake, wosatumidwa ndi komiti iliyonse. Mu 1894 atamva kuti abale afika ku Solusi, ku Zimbabwe wa lero, ananyamuka kukakumana nawo, malungo anamugwira m'njira, sanafike. Mu 1902 mpingo unagula malo a Plainfield ku Thyolo kwa a Seventh Day Baptist, kudzera mwa Joseph Booth, yemwe uja amene John Chilembwe anamugwirira ntchito. Booth sanakhalitse, monga mwa chizolowezi chake. Amene anatsala kugwira ntchitoyo anali Thomas Branch, munthu wakuda wa ku America, ndi mkazi wake Henrietta ndi mwana wawo Mabel, amene ankaphunzitsa sukulu. Boma la atsamunda silinkamukhulupirira Branch, chifukwa nthawi imeneyo mmishonale wakuda ankamuganizira kuti abwera kudzautsa anthu. Mu 1907 kunabwera Joel Rogers, ndipo malowo anawatcha Malamulo. Matandani ku Neno inatsatira mu 1908. Kumpoto kunatsegulidwa Luwazi mu 1928, ntchito imene dzina la James Malinki, mwana wa Morrison Malinki, silingasiyidwe poinena. Lake View ku Ntcheu inabwera m'zaka za m'ma 1930.

Werengani zaka zimenezi bwinobwino. Pamene ife tinkagula malo ku Thyolo, Mvera inali ndi zaka 13. Pamene tinkafika ku Ntcheu, Malingunde ndi Likuni anali ataphunzitsa kale mbadwo wathunthu. Kuno ku Chigawo cha Pakati tinabwera mochedwa, ndipo tinapeza anthu odziwa kuwerenga, odziwa dzina la Yesu, oimba nyimbo za Mulungu. Palibe chochititsa manyazi pamenepo. Wobwera madzulo naye amalima. Koma akamanena kuti munda wonse waswa mphanje yekha, anthu okhala m'mphepete mwa mundawo amangomuyang'ana.

Tsopano ndifike pa mbali imene ine imandikhudza kwambiri, ya mankhwala. Pafupifupi mishoni iliyonse inayamba ndi bokosi la mankhwala pakhonde. Mu 1876 Dr Robert Laws anachita opaleshoni ku Cape Maclear atamugoneka munthu ndi mankhwala a chloroform, chinthu chimene anthu anali asanachionepo. Komabe madokotala omwewo ankafa ndi malungo osadziwa chimene chikuwapha. Ankati ndi mpweya woipa wa m'madambo. Kuti ndi udzudzu, zinatsimikizika mu 1897, Ronald Ross atafufuza ku India. Bishopu Mackenzie wa ku Magomero anamwalira mu Januwale 1862, asanathe ngakhale chaka m'dziko muno. Nthawi zina ndikaona neti ya udzudzu itatchinga dimba la tomato, ndimakumbukira manda amenewa.

Chipatala cha Nkhoma chinayamba mu 1915. Chaka chomwecho ku Malamulo namwino Irene Fourie anatsegula kachipatala kakang'ono, ndipo mu 1925 kunafika dokotala woyamba, Carl Birkenstock, amene anayambitsa ntchito yosamalira akhate. Mu 1927 Dr Marcus anayamba ntchito ya chipatala ku Mwami, pafupi ndi Chipata, chipatala chathu chimene kwa ife a m'mbali mwa msewu wa Mchinji chili pafupi kuposa Malamulo. Chaka chomwecho Aroma anatsegula malo a akhate ku Mua.

Ana a masiku ano sadziwa kuti khate linali chiyani. Munthu akapezeka nalo ankamumangira kanyumba kutchire, chakudya n'kumamuikira patali, ndipo akamwalira sankaikidwa ngati anthu ena. Mankhwala amene analipo m'zaka za m'ma 1920 anali mafuta a mtengo wa chaulmoogra, obaya pakhungu, opweteka kwambiri, ndipo munthu ankabayidwa zaka ndi zaka. Ku Malamulo akhate ankakhala mazanamazana, m'mudzi wawowawo, akulima, akupemphera, ena akuphunzira ntchito. Palibe ankafunsidwa pachipata kuti amapemphera tsiku liti. Wa Chisilamu, wa Aroma, wa gule, onse ankabayidwa jakisoni yemweyo. Ku Mua chimodzimodzi. Pambuyo pake kunabwera mapiritsi a dapsone, kenako m'zaka za m'ma 1980 mankhwala ophatikiza amene amachiziratu, ndipo mu 1994 Malawi anafika poti odwala khate achepa kufika pansi pa munthu mmodzi mwa anthu 10,000 alionse.

Ndipatuke pang'ono, poti ntchito yanga ndi yomweyi. Kuchepa si kutha. Khate likadalipo. Limayamba ndi kachigamba kotuwa kapena kofiirira pakhungu, kosayabwa, kosapweteka, koti mukakakhudza ndi kathonje munthu samva. Ena amamva dzanzi m'manja kapena m'mapazi, mpaka kupsa ndi moto osadziwa. Si ufiti, si tsempho, si chilango. Ndi tizilombo, ndipo mankhwala ake ndi aulere, a miyezi 6 kapena 12 malinga ndi mtundu wake. Munthu akangoyamba kumwa, posachedwa amasiya kupatsira ena. Zala zimaduka kwa amene wabisa, osati kwa amene wapita msanga.

Sindikufuna kuti muganize kuti amishonale anali angelo. Adatchi ndi Aroma ankalimbirana midzi ngati ogula fodya. Uyu akamanga sukulu m'mudzi muno, winayo amathamangira kwa nyakwawa ya mudzi wotsatira, ndipo milandu ina inkafika kwa bwanamkubwa wa boma. Ana ankaphunzitsidwa kuti a tchalitchi chinacho ndi otayika. Udani umenewo ife sitinauyambitse, koma titafika tinaupeza uli pamoto n'kusonkhezerapo nkhuni zathu. Mawu oti "kwa Aroma sitigonekedwako" anachokera kumeneko.

Nkhondo yaikulu inali ya sukulu ndi dambwe, makamaka m'zaka za m'ma 1920. Amishonale ankaona gule ngati ntchito ya Satana basi, ndipo Akhristu ena ankaononga zilombo ndi kuulula za kudambwe. A gule nawonso ankatenga anyamata kusukulu n'kukawameta, ndipo aphunzitsi ena anathamangitsidwa m'midzi. Kwa mafumu Achichewa nkhani sinali ya chipembedzo chokha. Ankaona kuti sukulu ikuwalanda ana, pamene boma linali litawalanda kale mphamvu ndi msonkho. Mabanja anagawanika, ndipo ming'alu ina ilipobe. Tonse tikudziwa maliro amene abale a mimba imodzi amakhala magulu awiri, ena kunyimbo, ena kung'oma. Ine sindivina gule ndipo ana anga sadzapita kudambwe. Pamenepo ndaima nji. Koma bambo wa ngolo uja sanafunse kuti mtsikanayo ndi wa mpingo uti, ndipo ine zimenezo zinandisowetsa tulo.

Chinanso n'chakuti azungu anachedwa kukhulupirira anthu akuda. Adatchi anafika mu 1889, koma m'busa woyamba wachikuda, Andreya Namkumba, anadzozedwa mu 1925, patatha zaka 36. A White Fathers anakhazikika mu 1902, ndipo wansembe woyamba wa Chimalawi, Cornelio Chitsulo wa ku Mua, anadzozedwa mu 1937. Ifenso tisaloze chala, utsogoleri wa mpingo wathu unakhala m'manja mwa azungu zaka zambirimbiri. Chonsecho amene ankayenda pansi mudzi ndi mudzi, kugona pa mkeka, kudya nsima ya thelele, kunyozedwa ndi abale awo, anali aphunzitsi ndi alaliki akuda. Mzungu ankabwera kamodzi kapena kawiri pa chaka, pa machila, pambuyo pake pa njinga, kudzayesa ana mayeso ndi kubatiza. Mabuku analemba dzina la wa pa machila. Onyamula machilawo, ndi mphunzitsi amene anakonzekeretsa obatizidwawo, ambiri mayina awo ali m'mitu ya agogo athu basi.

Ndafunsa akuluakulu a matchalitchi athu angapo kuno kuti Sabata linafika bwanji m'mudzi mwawo, ndipo palibe amene wanditchulira mzungu. Kwina anali bambo wobwera kuchokera ku Salisbury kapena ku migodi ya Joni, ali ndi sutikesi, Baibulo ndi chizolowezi chachilendo chosagwira khasu Loweruka. Kwina anali wogulitsa mabuku wa pa njinga amene mvula inamutsekereza n'kugona masiku atatu. Kwina anali mayi wokwatiwa kuchokera kum'mwera, amene anayamba kuimba ndi ana ake okha pansi pa mtengo wa mango, anthu akumuseka kuti wasokonezeka masiku. Anthu amenewa analipira mtengo. Ena anachotsedwa m'mipingo yawo yakale, ena mabanja anatha, ena anataya ntchito pa esiteti pokana kugwira Loweruka. Sindikuwachepetsa m'pang'ono pomwe. Ndikungoti pafupifupi onse amene ndamva mbiri yawo anaphunzira kuwerenga kwa Adatchi kapena kwa Aroma.

Wina anganene kuti, "Mayi inu, mukufuna kutiuza kuti mipingo yonse ndi imodzi?" Ayi. Ndine wa Sabata, ndinabatizidwa ndili ndi zaka 17, ndipo zimene timakhulupirira pa za tsiku lachisanu ndi chiwiri, za akufa ndi za kubweranso kwa Ambuye sindikusinthanitsa ndi kanthu. Kutsutsana pa chiphunzitso kuli ndi malo ake, ndi Baibulo lotsegula ndi mawu aulemu. Koma malo akewo si pamene mwana wa munthu watupa nkhope. Magazi akakwera mwa mayi woyembekezera, sadikira kuti dzuwa la Loweruka lilowe. Amatha kuononga impso ndi chiwindi, kuchotsa nsengwa pamalo pake, kupha mwana m'mimba ndi mayi yemwe, m'maola ochepa. Mankhwala oletsa kuphuphako alipo m'zipatala, ndipo nthawi zambiri chochiza chenicheni ndi kubereketsa mayiyo msanga. Palibe masamba, palibe adyo, palibe madzi a mandimu amene angalowe m'malo mwa zimenezo, ndipo ndikunena izi ine amene ndimakulimbikitsani zamasamba mwezi ndi mwezi.

Za Sabata nazonso tisadzinamize. Werengani Luka 13 ndi Mateyu 12 muone zimene Mwini Sabata ankachita akakumana ndi wodwala tsiku limenelo. Ku Malamulo, ku Mwami, ku Blantyre Adventist Hospital, anamwino athu amagwira ntchito Loweruka, ndipo mayi akafika ndi matenda sauzidwa kuti abwere mawa. Ngati dokotala wa Adiventi amaloledwa kutumbula munthu pa Sabata kuti apulumutse moyo, apongozi sangachimwe pokweza mpongozi wawo pa ngolo.

Mwinanso ambiri sadziwa kuti zipatala zimenezi zili m'bungwe limodzi. Malamulo yathu, Nkhoma ya CCAP, Likuni ndi St Gabriel's za Akatolika, zonse zili mu Christian Health Association of Malawi, CHAM, bungwe limene linayamba mu 1966 ndipo limasamalira pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a ntchito za chipatala m'dziko muno, makamaka kumidzi. Mtsikana wophunzira unamwino ku Malamulo akhoza kukagwira ntchito ku Namitete, wophunzira ku Nkhoma n'kukagwira ku Malamulo. Akuluakulu a mipingo anagwirizana kalekale kuti pa nkhani ya odwala agwirane manja. Amene tatsalira ndife a kumudzi, tikusungabe mkangano umene eni ake anausiya. Kolera ya 2022 ndi 2023 inapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno, ndipo sinayang'ane khadi la ubatizo la munthu aliyense.

Msundwe ali ndi dzina kunjaku. Mukanena ku Lilongwe kuti ndinu a kuno, anthu amakumbukira zipolowe za 2019 n'kuyamba nthabwala. Timadandaula kuti amatiweruza tonse ndi nkhani imodzi, osadziwa kuti kuno kuli alimi a mtedza, aphunzitsi, amayi a Dorika osoka malaya a ana amasiye. Kudandaulako n'koyenera. Koma nafenso timachita zomwezo kwa anansi athu: uyu ndi wa Aroma, uyu ndi wa gule, nkhani yatha.

Pempho langa kwa mabanja ndi laling'ono, ndipo ndi la mbali ziwiri. Loyamba: pakhomo pamene pali woyembekezera, gwirizanani lero, osati tsiku la vuto, kuti chipatala chapafupi ndi chiti, adzanyamula ndani, ndalama ya galimoto ili pati. Akatupa nkhope ndi manja, akamva mutu wosaleka, akayamba kuona zachimbuuzi, akataya magazi kapena madzi, mwana akasiya kugunda, nyamukani nthawi yomweyo, kaya ndi usiku, kaya ndi Sabata, kaya chipatalacho chili ndi mtanda wa mtundu wanji pakhoma. Amene muli kutali, pitani kuchidikiro masiku akayandikira. Lachiwiri: gulani kope la masamba 40, mupatse mwana wa sekondale kapena wa Pathfinder, akakhale pansi ndi agogo Sabata masana. Afunse kuti anayambitsa tchalitchi chathu ndani, chaka chiti, pansi pa mtengo uti. Amene anawaphunzitsa kuwerenga anali ndani, wa mpingo uti. Mwana woyamba kubadwira kuchipatala m'banja lathu anabadwira kuti. Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto, koma dambolo likuphwa chaka ndi chaka.

Ine kope langa lafika tsamba 14. Agogo a pa misasa aja ndinawapeza kwawo akusenda mtedza, ndipo anandiuza dzina la mphunzitsi wawo, dzina la mkazi wake, ndi kuti ankawakwapula ndi kamtengo ka mpoloni akalephera kulemba "g". Anandiuzanso kuti mng'ono wawo anachira zilonda za m'miyendo kwa masisitere, ndipo kuti iwo analowa Sabata ali kale ndi ana atatu, atamva wogulitsa mabuku akuwerenga Danieli 7 pamsika.

Pakhomo paja ndinapitanso sabata yatha kukayeza BP. Yatsika, koma kuchipatala anamuuza kuti azikayezetsabe, ndipo pa mimba yotsatira adzayambe sikelo msanga n'kuwauza anamwino zimene zinachitika. Apongozi aja sanatchule za Lachisanu lija, inenso sindinatchule. Pamene ndinkatsanzika anandipempha kuti ndiwaperekeze kunyumba yoyandikana nayo, atasenza lichero la mtedza ndi ndalama ya galimoto ija atakulunga m'kansalu. Bamboyo mtedza analandira, ndalama anakana, nati akagulire mwana sopo. Mwanayo akupita kusikelo Lachiwiri likubwerali.